Njira Zimene Manambala Adayenda Pofika ku Linthipe

Munthu aliyense woyenda pa msewu waukulu wochokera ku Lilongwe kulinga ku Dedza, akatsika pa Linthipe tsiku la msika ndi kuima pambali kanthawi, osagula kanthu koma kungotchera khutu, adzamva chinthu chimene ife eni dera tidaleka kuchimva chifukwa cha kuchizolowera: anthu onse, kuyambira mayi wa tomato amene wayala milu yake pa chiguduli, mnyamata wa kabaza, wogulitsa mbatatesi za m'ndowa, kufikira kondakitala wa minibasi amene wapinda ndalama pakati pa zala, ali kuchita masamu, ndipo akuwachita msanga, pamtima, popanda pepala. Koma mukawafunsa za masiku awo a sukulu, ambiri adzakuuzani mosabisa kuti chimene chidawathamangitsa m'kalasi ndi masamu omwewo, ndi kuti masamu ndi nzeru ya Azungu, yoyenera mitu ina, osati yathu ino. Mawu amenewa ndawamva kwa akulu ndi kwa ana omwe, ndipo amandiwawa mumtima, pakuti ndi bodza limene latisaukitsa. Tsono ndati ndilembe za kumene manambala adachokera, ndi manja amene adawapatsirana asadafike kuno kwa Kaphuka.

Tiyambire pa dzanja, pakuti ndi pomwe mitundu ya anthu idayambira. Makolo athu powerenga ankatsata zala kuchokera pa chimodzi kufikira zisanu, ndipo dzanja likatha ankaolokera ku linzake, nati zisanu ndi chimodzi, zisanu ndi ziwiri, kufikira manja onse atakumana pa khumi. Kuchokera apo ankaunjika makumi mpaka zana, ndi mazana mpaka chikwi. Ana a lero amaseka akamva nkhalamba ikuti makumi asanu ndi anayi mphambu zisanu ndi zinayi pamene iwo angolemba 99, ndipo n'zoona kuti njira yathu ndi yotalika pakamwa. Koma osekawo sadziwa kuti Aroma, amene ankalamulira Yudeya masiku a Ambuye athu, ankalemba VI, VII ndi VIII, ndiko kunena zisanu ndi chimodzi, zisanu ndi ziwiri, zisanu ndi zitatu, monga momwe anenera agogo awo. Ayao anzathu a kwa Tambala amawerenga motero, Awolof a ku Senegal motero, ngakhalenso anthu a ku Cambodia kutsidya kwa nyanja zamchere. Azulu, abale ake a Angoni a kwa Kachere ndi kwa Kachindamoto, amatchula 6 ndi dzina la chala chachikulu, ndi 7 ndi dzina la mkombaphala, popeza ndizo zala zimene munthu amafikapo poolokera ku dzanja lachiwiri. Ena, monga Ayoruba a ku Nigeria ndi Amaya a ku Mexico, adaonjezapo zala za kumapazi nawerenga m'magulu a makumi awiri, ndipo Afalansa, ndi maphunziro awo onse, kufikira lero pofuna kunena 80 amati magulu anayi a makumi awiri. Anthu amenewa sadaonane, sadapangane. Chidawagwirizanitsa ndi thupi limodzi limene Namalenga adawaumba nalo.

Anthu adayamba kulemba chiwerengero asadadziwe kulemba mawu. M'chaka cha 1950 katswiri wa ku Belgium, Jean de Heinzelin, akukumba pa Ishango m'mphepete mwa nyanja ya Edward ku Congo, adatola kafupa ka zaka pafupifupi 20,000 kamene munthu wina adakagoba timizere m'magulumagulu. Ndipo mbali imodzi magulu ake ndi 11, 13, 17 ndi 19, amene pamodzi akwana 60, ndiponso ndiwo manambala okhawo pakati pa 10 ndi 20 amene sagawika ndi nambala ina koma 1 ndi mwini wake. Akatswiri akali kutsutsana, ena ati mwini fupa ankatsata masiku a mwezi, ena ati ankawadziwa manambala osagawikawo. Koma ine ndiona dzanja la munthu wa mu Africa lili kuwerenga, ndipo zimandikwanira. Fupalo lili ku Brussels. Lina lakale koposa, la nyani, la timizere 29, lidapezeka m'phanga la m'mapiri a Lebombo, m'malire a Eswatini ndi South Africa.

Ife a kuno tili ndi mboni zathu m'mapiri a Chongoni, amene timawaona tili pakhomo. M'menemo muli malo 127 a zojambula pa matanthwe, amene bungwe la UNESCO lidawaika m'kaundula wa chuma cha dziko lonse lapansi mu 2006. M'mapiri omwemo wofufuza zakale J. Desmond Clark adakumba pa Mwana wa Chentcherere mu 1972, ndipo Gadi Mgomezulu, mwana wa dziko lino, adakumba m'dera la Linthipe lomwe lino m'zaka za m'ma 1970 zomwezo. Zojambula zoyera ndi za makolo athu Achewa, za chinamwali ndi za gule wamkulu. Koma zofiira, zakale koposa, ndi za Akafula amene makolowo adawapeza, ndipo zambiri mwa izo si nyama kapena anthu ayi, koma mabwalo m'kati mwa mabwalo anzake, mizere yondondozana yosakhudzana, madontho ondandalikidwa, ndi mabwalo otulutsa nthambi mbali zonse. Sindinena kuti Akafula ankalemba masamu a sukulu pa thanthwe, pakuti ofufuza amazigwirizanitsa ndi mvula ndi kubala. Chimene ndinena n'chakuti munthu sangajambule mabwalo atatu okhala ndi pakati pamodzi ngati sadayambe waona m'maganizo mwake chimene bwalo lili.

Bwalo lomwelo lidatsika m'phiri ndi kulowa m'mudzi. Chimanga chikauma m'munda, bambo wofuna nkhokwe amakhoma chikhomo pansi, namangirirapo luzi, ndipo kunsonga kwa luzilo amamangako kamtengo kosongoka, nayenda nako mokwekweza, luzi lili chikokere, kufikira mzere utakumana pomwe udayambira. Pamzerepo azika timitengo motalikirana mofanana, nayamba kulukapo nsungwi zong'alula, kulowa ndi kutuluka, mzere pamwamba pa unzake. Mmisiri wozolowera amadziwa kuti kuzungulira kwa nkhokwe ndiko kutambalala kwake katatu ndi kakang'ono pamwamba. Kakang'ono kameneka, kamene iye amakakwaniritsa ndi diso, kadasowetsa tulo anzeru a dziko lapansi zaka zikwi zitatu. Buku Loyamba la Mafumu, pofotokoza thawale lamkuwa la m'kachisi wa Solomo, limapereka mikono khumi ya kutambalala ndi mikono makumi atatu ya kuzungulira, ndipo kakang'onoko sikawerengedwa. Mlembi wa ku Egypt dzina lake Ahmes, amene gumbwa lake la zaka pafupifupi 1550 Khristu asadabadwe lasungidwa ku British Museum mu London, adayandikirako kwambiri, ndipo chimene chimandikondweretsa n'chakuti limodzi mwa mafunso ake ndi la nkhokwe yozungulira, yotambalala mikono 9 ndi yotalika mikono 10, kuti ilowa tirigu wochuluka bwanji. Archimedes wa ku Syracuse adatsimikiza kuti kakang'onoko kachepera pang'ono pa gawo limodzi mwa magawo asanu ndi awiri; Zu Chongzhi wa ku China, m'zaka za m'ma 400, adapeza 355 kugawa ndi 113; ndipo m'zaka za m'ma 1760 Johann Lambert adaonetsa kuti palibe manambala awiri athunthu, ngakhale akule bwanji, amene kugawa kwake kudzapereka nambala imeneyi ndendende.

Nanga makolo adasankhiranji nkhokwe yozungulira? Zifukwa zilipo zingapo, monga kulimba kwake ndi kupindika kwa nsungwi, koma chimodzi n'choyeseka: khoma la mikono 12 likapindidwa m'ngodya zinayi zofanana limazinga malo a mikono 9, koma likazungulizidwa limazinga malo opitirira mikono 11. Nsungwi zomwezo, thukuta lomwelo, chimanga chochulukirapo. Masiku ano nkhokwe zikutha m'midzi, anthu akutonola chimanga ndi kuchisunga m'matumba m'nyumba poopa akuba, ndipo sindiwadzudzula. Koma ndidandaula kuti pamodzi ndi nkhokwe pakupita nzeru imene palibe adailemba.

Nyumba zangodya zitafika, amisiri adaphunzira njira ina. Wokhoma zikhomo za maziko amakoka chingwe kuchokera pa ngodya imodzi kufika pa ngodya yopingasana nayo, nachitanso chomwecho mbali inayo, ndipo zingwe ziwirizo zikapanda kulingana amadziwa kuti nyumba yapotoka isadamangidwe. Ena amayesa mapazi atatu mbali iyi, anayi mbali iyo, nasuntha chikhomo kufikira pakati pake patakwana asanu. Ku sukulu lamulo limeneli limatchedwa ndi dzina la Pythagoras, Mgiriki. Koma alembi a ku Babylon adalidinda pa mapale a dongo zaka zoposa 1,000 iye asadabadwe, ndipo limodzi la mapalewo lili ku Columbia University mu New York. Ansembe a ku India ankaliyesa ndi zingwe pomanga maguwa a nsembe, ndipo a ku China adali nalo m'mabuku awo. Mutu umodzi susenza denga.

Tsono tamvani mayi wa tomato. Tinene kuti mulu ndi K500, ndipo wogula afuna milu isanu ndi iwiri. Iye sachulukitsa monga tidaphunzirira pa bolodi. Amangoti, milomo yokha ikugwedezeka, iwiri wani sauzande, inayi thuu sauzande, ndiye inayi ndi iwiri ndi umodzi, firii sauzande faifi handiredi. Akalandira K5,000 sachotsera ayi, koma amakwera kuchokera pa mtengo kulinga ku ndalama imene walandira, akuika m'dzanja la wogula faifi handiredi kuti ikwane folo, ndi wani sauzande kuti ikwane faifi. "Nayi chenji yanu, bambo, ndipo uyu ndi wa basela." Kuwirikiza kumeneku ndiyo njira yeniyeni ya Ahmes ndi alembi anzake: pofuna 13 kuchulukitsa ndi 24 ankalemba 24, 48, 96, 192, ndipo popeza 13 ndi 8 ndi 4 ndi 1, ankatola 192, 96 ndi 24, napeza 312. Kuwerenga kwa pawiripawiri komweko ndiko kumene katswiri wa masamu Leibniz adakulongosola mu 1703, ndipo ndiko kumayendetsa kompyuta ndi foni imene mayiyo wamangirira pansonga ya chitenje.

Koma masamu athu ozama koposa ali pa thabwa la bawo. Atsikana amayamba ndi phada, kutulutsa timiyala m'dzenje ndi kutibwezera motsalira kamodzi, kenaka tiwiri, mwala uli m'malere. Anyamata kubusa amakumba maenje a nsolo pansi. Ndipo munthu akakula amakhala pakhonde la golosale pamaso pa thabwa la mizere inayi ya maenje asanu ndi atatu, maenje 32 ndi nkhomo 64. Taonani mkulu amene nthawi yake yosewera yakwana. Sakhudza kanthu msanga. Dzanja lili lende pamwamba pa thabwa, maso akuyenda dzenje ndi dzenje, ndipo mumtima ali kunena: ndikaponya nkhomo ya m'manja apa ndidya zisanu za mnzangayu, ndikayamba nazo kumutu, yotsiriza igwera m'nyumba, kodi pamenepo ndigone, kapena ndinyamule zonse ndipitirire? Ndikapitirira zikathera kuseri, pamene pali ziwiri, ndipo zitatuzo zindibwezera kutsogolo. Dzenje lililonse limene wadutsa m'maganizomo laonjezeka ndi nkhomo imodzi, kotero kuti akazunguliranso ayenera kukumbukira thabwa limene maso ake sakuliona, limene lili m'mutu mwake mokha. Ndipo atatha zonsezi amayesanso njira yachiwiri ndi yachitatu, ndi kulingalira chimene mnzake adzabweza, asadatsitse dzanja. Kuona maso a nkhono n'kudekha.

Maenje 16 a mbali yake ndi njira yozungulira, yopanda mapeto, ndipo chimene iye afuna kudziwa ndi pamene yotsiriza idzagwere, ndiko kunena chotsala ukatha kuzungulira. Nzeru ya zotsala imeneyi ili m'buku la Sunzi wa ku China la zaka zoposa 1,500 zapitazo, m'mene muli mwambi wa zinthu zimene poziwerenga zitatuzitatu zitsala ziwiri, zisanuzisanu zitsala zitatu, ndipo m'magulu a zisanu ndi ziwiri zitsala ziwiri, yankho lake ndi 23. Ndipo Carl Friedrich Gauss wa ku Germany adaiika m'malamulo ake mu 1801. Masewera a mtundu wa bawo ali ku Ghana, ku Ethiopia, ku Uganda, ku Zimbabwe, ku Malaysia, ngakhale ku zisumbu za Caribbean kumene adapita ndi akapolo. A ku Ghana ali ndi maenje 12 ndi mbewu 48 zokha, komabe pamene akatswiri awiri a ku Amsterdam, John Romein ndi Henri Bal, adawamasula onse ndi makompyuta mu 2002, adayenera kuwerenga makhalidwe a thabwa opitirira 889 biliyoni. Munthu amene amadya anzake pa bawo madzulo alionse asadzanenenso pamaso panga kuti mutu wake sugwira masamu.

Komatu ndisanyengerere mtundu wathu ndi matamando okhaokha, pakuti pali zinthu ziwiri zimene makolo athu adalibe, ndipo tiyenera kuzilandira kwa eni ake ndi manja awiri. Choyamba ndi kutsimikiza. Bambo wa nkhokwe adziwa kuti zimatero, popeza waona zikutero nthawi zonse. Koma Euclid, amene ankaphunzitsa mu Alexandria, pa nthaka ya Africa yomweyi, zaka pafupifupi 300 Khristu asadabadwe, ankafunsa chifukwa chake ziyenera kutero, nakwera kuchokera pa mfundo zochepa zosakanika, phazi ndi phazi, kufikira ataonetsa zinthu zimene diso silingaone, monga kuti manambala osagawika aja alibe wotsiriza. Chachiwiri ndi kalembedwe. Nzeru yokhala m'mutu imalowa m'manda ndi mwini wake, ndipo mdzukulu amayambanso pomwe agogo adayambira; koma yolembedwa imadikira, nimupeza mwana wa mtundu wina zaka mazana zitapita.

Zizindikiro khumi zimene timalemba lero, zimene anthu amazitcha za Azungu, zidabadwira ku India. Kumeneko ndiko anthu adakhwimitsa nzeru yakuti chizindikiro chimodzimodzi chikhale ndi mphamvu yosiyana malinga ndi malo amene chakhala, ndi kuti malo opanda kanthu akhale ndi chizindikiro chawo. Ndipo m'chaka cha 628 Brahmagupta adalemba malamulo a ziro monga nambala pakati pa anzake, pamodzi ndi malamulo a manambala ochepera pa ziro, amene iye ankawafanizira ndi ngongole, pomwe enawo ankawatcha chuma. Mlembi wa banki m'khonde akamalekanitsa masheya ndi ngongole m'kope lake, ali m'mapazi a mkulu ameneyu. Kuchokera ku India zizindikirozo zidafika ku Baghdad, kumene al-Khwarizmi adazilembera buku cha m'ma 825. Zidayenda ndi amalonda ndi ophunzira a Chisilamu kudutsa kumpoto kwa Africa. Ndipo mu mzinda wa Béjaïa ku Algeria mnyamata wa ku Italy, Leonardo wa ku Pisa, amene bambo wake ankagwira ntchito pa doko pothandiza amalonda a kwawo, adaziphunzira, nabwerera nazo kwawo, nalemba buku lake mu 1202. Kodi Azungu adazilandira ndi nthungululu? Iyayi. Mu 1299 bungwe la osintha ndalama mu Florence lidaletsa anthu ake kulemba nazo m'mabuku a malonda, ndipo padapita mibadwo ingapo anthu akukakamira zilembo za Aroma ndi timiyala towerengera pa thebulo. Adazikayikira monga zachilendo, popeza zidalidi zachilendo; koma mlendo ndiye adza ndi kalumo kakuthwa, ndipo potsiriza adameta nako. Mphindi 60 za pa wotchi nazo si zawo, ndi za ku Babylon.

Chimanga chidachokera ku Mexico, mbatatesi zimene Dedza atchuka nazo zidachokera ku mapiri a Andes, koma palibe Mchewa amene amakana nsima poti ndi ya alendo. Tidazilandira, tidazilima, zidasanduka zathu. Manambala ali chimodzimodzi, ndipo Mzungu adangotsogola kulandira.

Ndiponso kuno kwathu sadafike ndi njira imodzi. Pa Mankhamba, kumunsi kwa phiri cha ku Mtakataka m'boma lathu lomwe lino, pamene padali likulu la Kalonga, Yusuf Juwayeyi adafukula mikanda yagalasi yochokera kutsidya kwa nyanja, mapale a mbale za ku China, mkuwa ndi minyanga. Ndipo pamene pali malonda otere pali muyeso ndi mtengo wogwirizana, zaka mazana mmishonale asadaponde dziko lino. Pambuyo pake maulendo a Ayao ndi Aswahili ankatsika ku Kilwa ndi ku Zanzibar, kumene amalonda a Chimwenye ndi Aarabu ankalemba minyanga m'mabuku awo, nabwerako ndi nsalu zoyesedwa ndi mkono ndi mkwamba, ndi bawo wokhala ndi nyumba. Jumbe adakhazikika ku Nkhotakota m'zaka za m'ma 1840. Njira yachiwiri idazungulira kutali, kudzera ku Scotland, ku Cape ndi ku France: Cape Maclear 1875, Blantyre 1876, Mvera 1889, Nkhoma 1896, Mua 1902, ndipo kuchokera ku Nkhoma, pafupi pathu pano, aphunzitsi a m'midzi adatuluka ndi masileti. Potero zizindikiro zimene zidanyamuka ku India, zina kulowera kuno pa Nyanja ya Amwenye, zina kulowera ku Ulaya, zidadzakumana m'mapiri a Dedza.

Sindingabise kuti kukumanako kudali ndi misozi. Maulendo aja sankawerenga minyanga yokha, ankawerenganso anthu omangidwa m'magoli. Ndipo boma la atsamunda litakhazikika m'zaka za m'ma 1890, masamu oyamba amene midzi yambiri idawaona adali a wokhometsa msonkho wa nyumba, masheleni atatu, amene wolephera kupereka ankatha kutenthedwa nyumba kapena kukagwira ntchito ku minda ya Azungu. Agogo anga sankalola munthu kuwerenga ana awo moloza ndi chala, ndipo Malemba nawo amasimba za Davide, amene adawerenga anthu ake Yoabu atamuchenjeza, mliri nugwa pa dziko. Mantha amenewo ndimawamvetsa: wowerenga anthu kawirikawiri amafuna kuwatenga kanthu. Ndikumbukanso Thomas Fuller, amene adagwidwa mu Africa ali ndi zaka 14 nagulitsidwa ku Virginia mu 1724, namwalira mu 1790 ali kapolo wosadziwa kulemba. Atakalamba, anthu ena adamufunsa masekondi amene wakhala ndi moyo munthu wa zaka 70, masiku 17 ndi maola 12. M'mphindi imodzi ndi theka adayankha kuti 2,210,500,800, ndipo wofunsayo, amene ankawerengera pa pepala, atati walakwa, nkhalambayo idamukumbutsa masiku oonjezera a zaka zimene February amakhala ndi masiku 29. M'zaka zomwezo Muhammad al-Kishnawi wa ku Katsina, munthu wakuda mnzake amene adali mfulu ndipo adapeza aphunzitsi, adalemba buku la masamu mu 1732. Mitu idali yofanana. Chidasiyana ndi chimene anthu adaichitira.

Nambala ilibe mtima, imatumikira amene waigwira. Ndaona ndi maso anga, nyengo yokolola, mlimi atanyamula thumba la soya pa njinga, wogula atapachika sikelo yake pa mtengo, muvi utaima pamene waima, ndipo mlimiyo, podziwa mumtima kuti thumba lake ndi lolemera koposa apo, koma posowa mawu ndi chiwerengero chotsutsira, atalandira ndalama ndi kuchoka ali chete. Buku la Miyambo limadana ndi muyeso wonyenga, ndipo aneneri adaudzudzula. Koma wonyengayo saopa ulaliki monga aopera mlimi wodziwa kuwerenga sikelo ndi kuchulukitsa makilogalamu ndi mtengo. Tsono amene auza mwana kuti masamu si athu, akumupereka m'manja mwa anthu otere.

Ife amene tidaphunzira kale tidasenza katundu wolemera: makobiri 12 sheleni, masheleni 20 paundi, mainchesi 12 phazi, mayadi 1,760 mailosi imodzi, kufikira mu February 1971 pamene kwacha ya matambala 100 idalowa m'malo mwa paundi. Tidali kuwerenga m'magulu a khumi ndi ziwiri ndi a makumi awiri tsiku ndi tsiku, ndipo tidakhoza. Koma mphunzitsi wina amene adatiphunzitsa ankamenya zala za mwana aliyense wopezeka akuwerengera pa zala pansi pa desiki, ndipo sadatifunsepo ndi tsiku limodzi lomwe mmene amayi athu amawerengera pamsika kapena mmene atate athu amayesera nkhokwe. Kwa iye zonse za kumudzi zidali tsobola wakale. Sindimusungira mangawa, pakuti nayenso adaphunzitsidwa motero. Koma anzanga ambiri anzeru adasiyira pomwepo. Lero mwana wa zaka zisanu ndi chimodzi amakumana ndi nambala ndi Chingerezi nthawi imodzi, makamaka chikhazikitsire lamulo la maphunziro la 2013 limene lidaika Chingerezi kukhala chilankhulo chophunzitsira, ndipo akalephera sitidziwa chimene chamugwetsa, nambala kapena chilankhulo. Profesa Mercy Kazima wa ku Yunivesite ya Malawi wafufuza ndi kulemba za nkhani imeneyi ya chilankhulo m'phunziro la masamu, ndipo ndi nkhani yoyenera kuti makolo nawo ailankhule.

Ena adatitsogolera kale pa ntchito yolemba nzeru zoterezi. Claudia Zaslavsky adatulutsa buku la kawerengedwe ka anthu a mu Africa mu 1973. Ndipo Paulus Gerdes, amene adaphunzitsa ku Mozambique kufikira imfa yake mu 2014, adatha moyo wake akukhala pansi ndi oluka madengu ndi zikwama, ndi kusanthula zojambula za pamchenga za Achokwe a ku Angola, nazisandutsa maphunziro a m'kalasi. Zimene adachita kumeneko zingachitike kuno.

Tsono ndikupemphani inu aphunzitsi a m'sukulu za dera lino, ndi inu ana athu amene muli m'makoleji a uphunzitsi ku Bembeke, ku Domasi ndi ku Nalikule: pa tchuthi chikudzachi tengani kope ndi cholembera, mupite kwa woluka lichero, mumufunse kuti amalumpha timizere tingati ndi kulowa pansi pa tingati, ndi mmene chinthu cholukidwa changodya chimalowera mu mkombero wozungulira, mupite kwa akatswiri a bawo ndi nsolo, mulembe malamulo ndi mawu awo monga awatchulira eni ake, muyese nkhokwe zimene zatsala. Muzilembe m'Chichewa, muike dzina la mudzi ndi chaka, ndipo sukulu zikatsegulidwa muyambire pamenepo pophunzitsa ana, musadawatengere kwa Euclid ndi Brahmagupta, kumene ayeneranso kukafika. Nkhalamba zodziwa zinthuzi zikali moyo m'midzi ya Kaphuka, ndipo zidzakuuzani mukapita mwaulemu.